Amati mlandu suwola, koma wa ngongole ya katundu umawola ndithu

Pali nkhani imodzi imene anthu ambiri ogulitsa katundu pa ngongole amadzaimva mochedwa, nthawi zambiri amaimva ali kale muofesi ya loya atanyamula chifayilo chodzadza ndi mainvoisi, mapepala osainira kuti katundu wafika, ndi mameseji onse aja a "ndikupatsani kumapeto kwa mwezi uno". Loya amatenga pepala loyamba nkuyang'ana pa deti asanaone nkomwe kuti ndalama ndi zingati, kenako nkunena kuti bwana mwachedwa. Ndalama ndi zanu ndithu, katundu anatenga ndithu, mwinanso iyeyo sakukana, koma khoti silingakuthandizeninso chifukwa nthawi imene lamulo limapereka yoti munthu akasume inadutsa. Ine nkhani imeneyi imandiwawa kwambiri chifukwa amene amagwa nayo kawirikawiri ndi anthu odekha, aulemu, amene anasankha kudikira poopa kuyambana ndi kasitomala amene akhala naye zaka zambiri.

Tinakula tikumva kuti mlandu suwola, ndipo pa chikumbumtima cha munthu zimenezo ndi zoona, amene anatenga katundu wa mnzake osalipira adziwe kuti ali ndi mangawa olo patapita zaka 20. Koma kukhoti nkhani ndi ina. Pafupifupi dziko lina lililonse lili ndi lamulo loika malire a zaka zimene ungasumire munthu pa ngongole, ndipo zakazo sizofanana ayi. Ku England, Limitation Act ya 1980 imapereka zaka 6 pa mgwirizano wamba, ndipo ku Kenya nakonso ndi zaka 6. Ku Scotland ndi ku France ndi zaka 5. Ku America, malamulo a zamalonda otchedwa Uniform Commercial Code, gawo 2-725, amapereka zaka 4 pa mgwirizano wogulitsana katundu, ndipo maboma onse a m'dzikomo anatenga gawo la zogulitsana katunduli kupatula Louisiana. Ku Germany, ku India ndi ku South Africa ndi zaka 3 zokha basi. Zaka 3 zikumveka ngati zambiri mukamawerenga chonchi, koma aliyense amene anayamba walondalondapo ngongole akudziwa mmene chaka chimathera ndi mawu a "abwana sali muofesi", china nkutha ndi "cheke chikudikira siginecha", chachitatu munthu sakuyankhanso foni.

Nde tiyerekeze chonchi kuti zimveke. Mwapereka katundu mu Malichi 2021 ndipo munagwirizana kuti alipire pakatha masiku 30, ndiye kuti ngongole inayenera kulipidwa mu Epulo 2021. Kuwerenga kumayambira pamenepo, tsiku limene ndalama inayenera kulowa koma sinalowe. Sikuyambira tsiku limene munakwiya, kapena limene munazindikira kuti munthuyu akukuzembani, ayi. Ndiye pa lamulo la South Africa nthawi yanu imatha mu Epulo 2024, pa la America mu Epulo 2025, pa la France mu Epulo 2026, pa la England mu Epulo 2027. Germany ili ndi kawerengedwe kakekake, zaka 3 zija zimayamba kuwerengedwa kumapeto kwa chaka chimene ngongole inabadwa, ndiye yathuyi ikanayamba pa 31 Disembala 2021 nkutha pa 31 Disembala 2024, nchifukwa chake kumeneko mwezi wa Disembala maloya amakhala otanganidwa kuthamangitsa mapepala kukhoti chaka chisanathe. Lamulo la India la 1963 linachita kulemba mwatchutchutchu za katundu wogulitsidwa nkuperekedwa: ngati simunagwirizane za nthawi yolipira, zaka 3 ziyambira tsiku limene katundu anaperekedwa, ngati munagwirizana, ziyambira pamene nthawi yomwe munampatsa yathera. Apa muone kuti kusalemba tsiku lolipira sikukupatsani nthawi yochuluka, kumangopangitsa kuti kuwerenga kuyambe msanga.

Anthu ena akamva zimenezi amati lamuloli ndi loikira kumbuyo mbava. Ine sindikuona choncho, olo kuti mtima wanga uli kwa wogulitsa. Taganizani mutalandira chisamani lero chonena kuti zaka 18 zapitazo munatenga katundu wakutiwakuti osalipira. Inu mukukumbukira bwino kuti munalipira, koma lisiti linasowa kalekale, kalaliki amene analandira ndalama anamwalira, banki imene munagwiritsa ntchito inasintha dzina kawiri ndipo sitetimenti za nthawi imeneyo kulibenso. Mudziteteza bwanji? Woweruza naye adziwa bwanji amene akunena zoona? Umboni umafooka zaka zikamapita, mboni zimaiwala, zina zimasamuka, ndipo bizinesi singayende ngati mwini wake akuyenera kusunga kapepala kalikonse moyo wake wonse poopa kuti wina adzadzuka nkumunamizira. Ganizo lake ndi lakuti amene ali ndi mlandu weniweni aupititse kukhoti umboni udakali wamoyo. Ndipo si zachilendo ayi, ku England lamulo la zaka 6 linayamba mu 1623 m'nthawi ya mfumu James I. Chosangalatsa nchakuti lamulo la 1623 lija linkasiya kunja maakaunti a malonda pakati pa wamalonda ndi wamalonda mnzake, iwowo analibe malire amenewa, mpaka mu 1856 pamene mpata umenewu unatsekedwa. Kuchokera apo amalonda anayamba kuwerengeredwa zaka ngati wina aliyense.

Ndipo mukaona mmene zinthu zikuyendera, maiko ena akhala akufupikitsa nthawi. Ku Germany chisanafike chaka cha 2002 nthawi ya milandu wamba inali zaka 30, pano ndi 3. Ku France asanasinthe malamulo mu 2008, milandu wamba inali ndi zaka 30 ndipo ya pakati pa amalonda inali ndi zaka 10, pano zonse ndi 5. Ndiye amene akudalira zimene anamva kwa agogo ake a bizinesi kuti ngongole umatha kuitsata nthawi ina iliyonse akudzinamiza.

Tsopano apa ndi pamene ndikufuna tikhalepo pang'ono, chifukwa ndi pamene anthu ambiri amagwera. Wogulitsa amaganiza kuti poti wakhala akukumbutsa, nkhani yake ili moyo. Amaimba foni mwezi uliwonse, amatumiza sitetimenti, amalemba makalata, mwinanso analipira loya kuti alembe kalata yoopseza ya masiku 7 ija. Abale anga, zonsezi pa malamulo a maiko ambiri siziimitsa kuwerenga kwa nthawi olo tsiku limodzi. Mutha kukhala ndi makalata okumbutsa odzadza katoni, onse okhala ndi madeti abwinobwino, koma khoti lidzangoona kuti munkadziwa za ngongoleyo nthawi yonseyi osasuma. Zimene inu wogulitsa mukulemba kapena kulankhula sizisintha kanthu. Chimene chimasintha zinthu ndi zochita za wangongoleyo mwini, kapena inu kupita kukhoti.

Zochita za wangongole zake ziti? Pali ziwiri zikuluzikulu, kuvomereza ngongole ndi kulipirako pang'ono. Akavomereza kuti inde ndili nanu ngongole, kapena akaponyako kangachepe, zaka zija zimayambiranso pa ziro kuchokera tsiku limenelo. Koma kavomerezedwe kake ndi kamene kali ndi nkhani. Ku England, magawo 29 ndi 30 a lamulo la 1980 amati kuvomerezako kukhale kolemba komanso kosainidwa ndi wangongoleyo kapena womuimira, ndipo ku India gawo 18 limanena zomwezo. Ndiye mawu onse okoma aja a pafoni, "musadandaule achimwene, ndalama yanu ndikuidziwa", pa malamulo amenewa ndi mphepo chabe. Zolembazi zinabwera mu 1828 ku England, chifukwa kale makhoti ankadzadza ndi mikangano ya zimene munthu ananena kapena sananene pakamwa, wina nkubweretsa mboni yoti inamumva akuvomera panjira. Ku South Africa ndi ku Germany ndi ofewerako, kuvomereza kutha kuoneka ngakhale m'zochita, monga kulipira chiwongoladzanja kapena kupereka chikole, koma olo kumeneko mudzafunikabe kutsimikizira woweruza kuti zinachitikadi, ndipo pepala losainidwa ndi limene munthu savutika nalo.

Chinanso, kuvomerezako kuchitike nthawi isanathe. Ku England ikangotha yatha, olo wangongoleyo alembe kalata yovomera mawa lake, mlandu sudzukanso. Ku India kuli kampata, Contract Act ya 1872 gawo 25 imati munthu akalemba ndi kusaina lonjezo loti alipira ngongole yomwe nthawi yake inadutsa, lonjezolo ndi mgwirizano watsopano ndipo mutha kumusumira nalo, koma likhale lonjezo lenileni loti alipira, osati kungovomera kuti ngongole inalipo. Musamalenso ndi makalata amene pamwamba pake palembedwa without prejudice, amene amalembedwa pokambirana zoti mugwirizane kunja kwa khoti, chifukwa kawirikawiri saloledwa kukhala umboni, ndiye munthu atha kumakambirana nanu miyezi ndi miyezi m'makalata otere inu nkumaona ngati wavomera, pamene mulibe chilichonse m'manja. Ku Germany lamulo limanena poyera kuti pamene awiri akukambirana za ngongoleyo nthawi imayamba yaima kaye, koma musatenge zimenezo ngati zili paliponse.

Apa ndinene maganizo anga mosabisa. Vuto lalikulu la ogulitsa ambiri si kusadziwa lamulo kokha, ndi manyazi. Timaona ngati kupempha kasitomala kuti asaine pepala lovomera balansi ndi kumunyoza, ngati tikumuuza kuti sitimukhulupirira. Koma makampani akuluakulu amachita zimenezi chaka ndi chaka popanda wina kukwiya, amatumiza kalata yoti malinga ndi mabuku athu pofika tsiku lakutilakuti muli ndi balansi yakuti, chonde sainani ngati mukugwirizana nazo, ndipo akauntanti wa mbali inayo amasaina nkubweza, nkhani yatha. Wogulitsa wamng'ono naye ali ndi ufulu womwewo. Ndipo kasitomala wachilungamo amene wangopanikizika sakana kusaina, nthawi zambiri amamasuka chifukwa akuona kuti mwampatsa mpata wopuma osamuthamangitsira kukhoti. Amene amayamba kuzungulirazungulira mukangotulutsa pepala ndi bolopeni, kunena kuti aaa zosainasainazi bwanji ngati sitidziwana, ameneyo wakuuzani kale zimene zili mumtima mwake, ndipo kuyambira tsiku limenelo muyambe kuwerenga miyezi yanu bwinobwino. Alipo ena, sindikunena onse, amene lamuloli amalidziwa bwino kuposa inu, ndipo ulemu wawo wonse wa pafoni cholinga chake ndi choti zaka zikwane.

Nkhani ina yosokoneza ndi ya kasitomala amene amatenga katundu kangapo, lero invoisi iyi, mwezi wa mawa ina, nkumalipira mwa apo ndi apo. Anthu ambiri amangoona chiwerengero chonse pansi pa sitetimenti ngati ngongole imodzi, koma kawirikawiri invoisi iliyonse ili ndi tsiku lake loyambira kuwerenga, ndiye zakale zitha kufa mwakachetechete zatsopano zili moyo. Funso limakhala lakuti ndalama imene waponya lero yalipira invoisi iti. Pa malamulo ochokera ku England, wolipira ndi amene ali ndi ufulu woyamba kunena kuti iyi ndi ya invoisi yakuti. Akapanda kunena, wolandira amasankha yekha, ndipo ku India gawo 60 la Contract Act limachita kunena kuti atha kuiika ngakhale pa ngongole imene nthawi yake yosumira inadutsa. Onse akakhala chete pa akaunti yoyenda, ndalama imapita ku ngongole yakale kwambiri, mfundo imene inakhazikika pa mlandu wotchedwa Clayton's Case mu 1816. Ndiye polemba lisiti musamangolemba kuti talandira ndalama zakuti basi, lembani kuti zapita pa invoisi nambala yakuti, ndipo ngati iye sananene kanthu, inu yambani kutseka zakale. Wangongole wochenjera amalipira mainvoisi atsopano okhaokha nkumanena momveka kuti iyi ndi ya mwezi uno, kuti akale aja akalambe.

Nanga nthawi ikadutsa, ngongoleyo yafa kapena chafa ndi chiyani? Apanso maiko amasiyana. Ku England ndi ku Germany ngongole imakhalapobe, chimene chatha ndi mphamvu yokakamiza kudzera kukhoti, ndipo wangongoleyo ayenera kunena yekha kuti nthawi inadutsa, akapanda kutero khoti silimunenera. Ku Scotland ndi ku South Africa lamulo limati ngongole yeniyeniyo yazimiratu, komabe ku South Africa gawo 17 la Prescription Act ya 1969 limati khoti lisadzutse lokha nkhaniyi, wosumiridwayo aitchule. India ndi yolimba kwambiri, gawo 3 la lamulo lawo la 1963 lija limalamula khoti kuti lichotse mlandu wochedwa olo wosumiridwayo asanatchule kanthu. Chimene chili chofanana m'malo ambiri nchakuti munthu akalipira mwa kufuna kwake ngongole yomwe nthawi yake inadutsa, sangabwerenso kudzati mundibwezere, lamulo la Germany ndi la South Africa onse amanena zimenezi. Ndiye kupempha mwaulemu sikulakwa, ndipo alipo anthu a chikumbumtima amene amalipira ndithu zinthu zikawayendera. Chimene sindigwirizana nacho ndi kumuopseza munthu ndi khoti pamene ukudziwa kuti mlandu unatha mphamvu, kumeneko ndi kunama, ndipo m'maiko ena ngati wangongoleyo ndi munthu wamba wogula zapakhomo, kutero nkulakwira lamulo.

Ndisaiwale tizilembo ting'onoting'ono ta kuseri kwa kontrakiti kapena kwa oda, tija sitiwerenga tija. Maiko ena amalola kuti awiri agwirizane nthawi yawoyawo. Ku America mutha kufupikitsa zaka 4 zija mpaka chaka chimodzi koma simungazitalikitse. Ku France mutha kufupikitsa mpaka chaka chimodzi kapena kutalikitsa mpaka zaka 10. Ku India mgwirizano wofupikitsa nthawi yosumira ndi wopanda mphamvu. Ndiye ngati mukugulitsa kwa kampani yaikulu imene imabwera ndi mapepala ake okonzeratu, werengani, mutha kusainira chaka chimodzi inu mukuganiza kuti muli ndi 4.

Kwa amene amagulitsa kunja kwa dziko lawo mutu umakula, chifukwa funso loyamba ndi lakuti lamulo la dziko liti ligwire ntchito, la wogulitsa kapena la wogula, ndipo taona kale kuti kusiyana kwake kutha kukhala zaka 3 zathunthu. Pangano la ku Vienna la 1980 la malonda a katundu pakati pa maiko, limene ambiri amalidziwa kuti CISG, silikamba za malire a nthawi yosumira. Zimenezo zili m'pangano lina la United Nations limene linapangidwa ku New York mu 1974 nkukonzedwanso mu 1980, limene limapereka zaka 4 ndipo limati zivute zitani mlandu usayambe patadutsa zaka 10. Koma maiko amene analowa m'pangano limeneli ndi ochepa poyerekeza ndi a CISG, ena mwa iwo ndi America, Mexico ndi Egypt. Njira yachidule ndi kulemba mukontrakiti momwemo kuti pakabuka mkangano tidzatsata lamulo la dziko lakuti, kenako nkufufuza zaka zake tsiku lomwelo, katundu asanakwere nkomwe.

Ndikudziwa chimene chimabweza anthu m'mbuyo, khoti ndi lodula, limachedwa, ndipo ukasumira kasitomala ubale watha. Zonsezi ndi zoona ndipo sindikunena kuti aliyense wochedwa ndi mwezi umodzi mumuthamangire ndi chisamani. Pali ngongole zina zazing'ono zoti ndalama ya loya ingapose ngongoleyo, ndipo kuzisiya mwadala, mutawerengera bwino, ndi chisankho cha bizinesi chomveka. Chimene chimandipweteka ndi pamene munthu sanasankhe, nthawi yamusankhira iye ali mtulo. Komanso pali phindu lina la kusuma limene anthu saliona: mukapambana nkukhala ndi chigamulo m'manja, moyo wa ngongole ija umatalika kwambiri. Ku South Africa ndi ku Germany ngongole ya chigamulo imakhala zaka 30, ku India muli ndi zaka 12 zoti mulandire zanu pogwiritsa ntchito chigamulocho, ku France zaka 10. Ndiye olo munthuyo lero alibe kalikonse, chigamulo chimakupatsani mpata womudikira mpaka adzaimenso, pamene invoisi yokha ikanafa pa zaka 3. Ndipo musaiwale kuti kampani itha kutsekedwa kapena kugwa nthawi yanu isanathe nkomwe, zikatero mumakaima pamzere ndi ena onse amene inawakongola, ndipo wogulitsa katundu wopanda chikole amakhala chakumapeto kwa mzerewo.

Ngati mwaganiza zosuma, musadikire sabata yomaliza, chifukwa ngakhale mawu oti "ndasuma" ali ndi matanthauzo osiyana malinga ndi dziko. Ku England chofunika nchakuti mapepala anu afike kukhoti nthawi isanathe. Ku South Africa sizokwanira, gawo 15 limati nthawi imaduka pokhapokha chisamani chaperekedwa kwa wangongoleyo, ndiye ngati anasamuka, anasintha ofesi, kapena adilesi imene ili pa invoisi yanu ndi ya zaka 3 zapitazo, masabata amene wopereka chisamani akumusakasaka akuwerengedwabe, ndipo mutha kulipira loya, kulipira khoti, mapepala onse kukhala bwinobwino, koma chisamani nkumupeza munthuyo patadutsa masiku awiri nthawi itatha. Onaninso kuti dzina limene mwalemba pa chisamani ndi la amene munagulitsana naye kwenikweni, kampani kapena munthu payekha, chifukwa mukasumira dzina lolakwika nkudzazindikira mochedwa, kukonza kwake kutha kukanidwa ngati nthawi ya amene munayenera kumusumira yadutsa kale.